Mwini Filimu Safa, Nanga Amagwa Pakavalo Ndani?



Pali mau amene anyamata amakonda kunena akamatuluka koonera kanema. Iwo amati mwini filimu safa. Angam'thire zipolopolo, angam'kankhire kuphompho, angam'gwetse pakavalo wothamanga, iye amadzuka, nasansa fumbi pachipewa, nkhani nipitirira. Mauwo ndi oona, koma ali ndi chifukwa chake. Mwini filimu safa pakuti pa nthaŵi ya zoopsayo iye amakhala ali pamthunzi, ndipo wovala malaya ake ndi chipewa chake amakhala munthu wina. Pa Chingerezi munthu woteroyo amatchedwa stuntman, ndiye kuti wolembedwa ntchito ya kugwa, kudumpha, kumenyedwa ndi kukhwekhwerezedwa pansi m'malo mwa mnzake wotchuka. Nkhani ya lero ndi ya mmodzi wa anthu otere, mwamuna wa ku America dzina lake Yakima Canutt, amene odziŵa za kanema amamuyesa tate wa ntchito imeneyi.

Wina angafunse kuti munthu wakutali chotere akukhudza bwanji midzi yakuno. Yankho lake lili m'njira ziŵiri zimene kanema anadzera pofika m'mapiri muno.

Njira yoyamba inali galimoto ya boma. M'chaka cha 1948 kunakhazikitsidwa bungwe la Central African Film Unit, limene likulu lake linali ku Salisbury, mzinda umene lero ndi Harare, ndipo linkajambula makanema a zaulimi, zaukhondo ndi zosunga ndalama kuti azionetsedwa m'maiko a Nyasaland ndi ma Rhodesia aŵiri. Galimoto inkaima pabwalo la sukulu kapena pamsika, nsalu yoyera nimangidwa, injini nilira, mudzi wonse nukhala pansi. Ufulu utabwera mu 1964, magalimoto a nthambi za boma zofalitsa nkhani ndi zaulimi anapitiriza ntchitoyo kwa zaka zambiri.

Njira yachiŵiri ndiyo ikutikhudza kwambiri lero. Iyi inali ya amuna amene ankapita ku Joni pa Wenela, ku Halale pa Mthandizi kapena paselufu, ndiponso kumigodi ya mkuwa ya ku Northern Rhodesia. M'makomboni eni migodi ankaonetsa baisikopu usiku pabwalo. Kumigodi ya ku Joni mwambowu unayamba cha m'ma 1920 ndi mmishoni wa ku America wotchedwa Ray Phillips. Pa zonse zimene zinkaonetsedwa, palibe chimene chinaposa makanema a akauboyi. Mai wina wofufuza za chikhalidwe cha anthu, Hortense Powdermaker, anakhala ku Luanshya mu 1953 ndi 1954, ndipo m'buku lake la Copper Town, lotuluka mu 1962, anafotokoza kuti oonera kumeneko ankatcha mwini filimu aliyense wa chikauboyi dzina limodzi lokha, Jack, posasamala kuti wovala chipewayo ndani. Chingerezi cha ku America chothamanga chija ambiri sankachitola. Kuwonjezera apo, akuluakulu a boma la atsamunda ankadula mbali zonse zimene ankati si zoyenera Afirika, kotero kuti nkhani inkatsala zidutswazidutswa. Chimene chinkatsala chathunthu chinali liŵiro la akavalo, kuthamangitsana ndi zibakera, ndipo pa izi bwalo lonse linkaimirira ndi kufuula. Amuna ena pobwerera kumudzi ankadza ndi chipewa chakhonde ndi kayendedwe kachilendo, ana nasema mfuti zamitengo.

Ophunzira ena a masiku amenewo ankaseka, amvekere anthu aŵa satha kusiyanitsa nkhope za Azungu. Komatu pa mfundo imodzi anthu a m'komboni ndiwo anayandikira choonadi. Nkhope pansalu zinkasinthadi, koma thupi limene linkadumpha ndi kugwa kaŵirikaŵiri linali la kagulu kochepa ka amuna omwewomwewo, ndipo m'makanema otchipa a akauboyi a m'zaka za m'ma 1930 mtsogoleri wa kaguluko anali Canutt.

Dzina lake lenileni linali Enos Edward Canutt. Anabadwa pa 29 Novembala 1895 pafupi ndi tauni ya Colfax m'chigawo cha Washington, kumpoto chakumadzulo kwa United States, dera lamapiri la alimi ndi oŵeta ziŵeto. Ali ndi zaka 11 anakwera kavalo wosaphunzitsidwa namugonjetsa, ndipo pofika zaka 16 anali ataloŵa m'mipikisano ya rodeo. Rodeo ndi maseŵera a abusa a ng'ombe a kumeneko. Mwina munthu amakwera kavalo wolusa, nayesa kukhalabe pamsana pamene nyamayo ikudumpha ndi kupalasa. Mwina amathamangitsa ng'ombe ali pakavalo, naidumphira, naigwira nyanga mpaka kuigwetsa. Mlimi aliyense wa ku Madisi kapena ku Mponela amene anaphunzitsapo nkhunzi yaing'ono kusenza goli angadziŵe yekha kuti maseŵera otere sakhala opanda mabala.

Dzina lakuti Yakima linabwera mwangozi. Mu 1914, pa mpikisano waukulu wa ku Pendleton m'chigawo cha Oregon, nyuzipepala ina inasindikiza chithunzi chake nilemba molakwa kuti mnyamatayu ngwa ku Yakima, tauni imene sinali kwao konse. Anzake anam'seka nalo dzinalo mpaka linakhazikika. Chomwecho munthu amene anadzatha moyo wake akuvala zovala za eni anayamba ndi kuvala dzina la eni. Pa mpikisano wa ku Pendleton womwewo anakhala katswiri woposa onse kanayi, mu 1917, 1919, 1920 ndi 1923.

Kutchuka kumeneku kunam'tsegulira khomo ku Hollywood. Masiku amenewo makanema anali opanda mau, ndipo munthu wamtali wodziŵa kavalo sankasoŵa ntchito. M'zaka za m'ma 1920 Canutt anali mwini filimu iye yemwe, dzina lake likulembedwa pamwamba m'makanema ang'onoang'ono a akauboyi. Koma kuyambira mu 1927 makanema anayamba kulankhula, ndipo apa m'pamene panagona tsoka lake. Mu 1918, ali msilikali wa pamadzi, anadwala chimfine choopsa chimene chinapha anthu miyandamiyanda pa dziko lonse chaka chimenecho. Iye anachira, koma mau ake anasasa osabwereranso. Mwini filimu wa mau osasa panalibe wom'funa. Anzake ambiri amene zotere zinawagwera anangozimirira. Canutt anavomera kutsika pampando, nayamba kutenga mbali zing'onozing'ono, makamaka za chigaŵenga chimene chimamenyedwa kumapeto, ndiponso kugwira ntchito zoopsa m'malo mwa ena.

Mu 1932, pojambula kanema wa zigaŵozigaŵo wotchedwa The Shadow of the Eagle, anagwira ntchito ndi mnyamata wina amene pa nthaŵiyo anali asanatchuke, dzina lake John Wayne. Kuyambira 1933 mpaka 1935 aŵiriŵa anapangira pamodzi makanema ambiri otchipa a kampani ya Lone Star, onga Sagebrush Trail ndi The Star Packer, amene ankajambulidwa m'masiku oŵerengeka chabe. Ndalama zinali zochepa, motero Canutt ankagwira ntchito ziŵiri: kutsogolo kwa kamera ndi nkhope yake kaŵirikaŵiri anali mdani, ndipo ikafika nthaŵi yoti Wayne adumphire pakavalo wothamanga, ankavula malaya a mdani navala a Wayne. Popeza zidutswa za kanema zimajambulidwa padera n'kulumikizidwa pambuyo pake, zinkatheka kuti wothaŵa ndi wothamangitsa pansalupo akhale munthu mmodzi.

M'zaka zomwezo iye ndi Wayne anakonza kamenyedwe kamene kakutsatidwabe m'makanema mpaka lero. Kale ochita kanema ankangogwirana ndi kugubuduzana, kapena kumenyana zenizeni pamapewa, ndipo pansalu zinkaoneka zabodza ngakhale zinali zoŵaŵa. Canutt anaona kuti kamera ili ndi diso limodzi, silitha kuyeza bwino kutalikirana kwa zinthu ziŵiri zimene zili mumzere umodzi. Tsono kamera ikaikidwa kumbuyo kwa phewa la womenya kapena la womenyedwa, chibakera chikhoza kudutsa patsogolo pa chibwano osakhudza, womenyedwayo n'kugwedeza mutu pa nthaŵi yake, phokoso n'kudzaikidwa pambuyo. Woonera amalumbira kuti nkhonya yafika. Wayne sanabise kuti anaphunzira zambiri kwa mnzakeyu, ngakhale kayendedwe ndi kalankhulidwe kodekha ka kauboyi weniweni. Ndiye kuti mnyamata amene anatsika basi pa Mponela akuyenda monyang'wa ngati John Wayne anali kutsanzira wotsanzira.

Atasamukira ku kampani ya Republic, Canutt anayang'anira zoopsa m'makanema a Gene Autry ndi a The Lone Ranger. Mu Zorro Rides Again, wa mu 1937, mwini filimu amavala chophimba nkhope, ndipo pafupifupi paliponse pamene chophimbacho chikuoneka, m'kati mwake muli Canutt.

Koma ntchito imene anthu amam'kumbukira nayo koposa ili m'kanema wa Stagecoach, wotuluka mu 1939, wotsogoleredwa ndi John Ford. Nkhani yake ndi ya apaulendo amene akudutsa m'dziko la anthu a mtundu wa Apache pangolo yonyamula anthu ndi makalata. Monga mwa chizoloŵezi cha makanema a nthaŵiyo, Aapache akuonetsedwa ngati achifwamba, pamene kunena zoona dziko limene linkalandidwa linali lao; omvera a mu Afirika safunika kuwafotokozera zambiri pamenepa. Chakumapeto kwa kanemayo ankhondo a Apache athamangitsa ngoloyo pachigwa chouma, ndipo mmodzi mwa iwo ndi Canutt atavala zachiapache.

Tsono taganizani, omvera. Akavalo 6 amangidwa aŵiriaŵiri m'mizere itatu, akukoka ngolo yolemera pa liŵiro lao lonse. Canutt afika chapambali pakavalo wake, nadumphira pa akavalo aŵiri otsogola monga wofuna kuimitsa ngolo. Mwini filimu, John Wayne, amuwombera ali padenga la ngoloyo. Canutt agwera pakati pa akavalo aŵiriwo, nagwira mtengo wokokera ngolo, msana ukukhwekhwerezeka pansi, ziboda zikumenya nthaka kumanja ndi kumanzere kwa mutu wake. Awomberedwa kachiŵiri, nataya mtengowo. Akavalo anayi otsalawo adutsa mbali ndi mbali, ngolo yonse nidutsa pamwamba pake, magudumu aŵiri uku, aŵiri uko. Fumbi likamatha, munthu uja akuoneka akudzigwedeza pansi ndi kuyesa kudzuka. Anachita dala zimenezi kuti oonera adziŵe kuti chogwacho sichinali chidole cha nsanza. Ford ataona, ananena kuti sadzalola kuti zibwerezedwe, kaya makamera ajambula kaya sanajambule. Mwamwaŵi anali atajambula.

Woonera amati uku ndiko kulimba mtima, ndipo salakwa. Koma amuna olimba mtima ku Hollywood analipo ambiri, ndipo ena a iwo anatsikira kumanda ali anyamata. Chimene chinasiyanitsa Canutt chinali kuyeza. Ankadziŵa kuti akavalo oyenda pang'onopang'ono amapatukapatuka, pamene othamanga kotheratu amalunjika ngati chingwe. Motero liŵiro limene likuopsa woonera ndilo linali chitetezo chake. Pakati pa akavalo aŵiriaŵiri aja anamangapo zitsulo zowaletsa kuyandikana, kuti pansi patsale kanjira kopapatiza kokwana munthu wogona chagada atapanikiza manja kuthupi. Anali atayeza kutalika kwa mitanda ya magudumu kuchokera pansi. Analinso atayesapo kale zofanana ndi zimenezi m'kanema wina wa mu 1937, Riders of the Dawn. Pamalo poti munthu kapena kavalo agwere ankayamba wapakumba kuti pafeŵe. Anapanga chopondera chotseguka mbali imodzi kuti phazi la wokwera lisakodwe pogwa, pakuti ambiri ankafa chifukwa chokokedwa ndi kavalo phazi litakanirira. Anakonzanso zingwe ndi zokoŵera zomasula akavalo kungolo pa kamphindi koyenera, kuti ngolo igubuduke yokha pamalo amene kamera ikudikira.

Apa mau aŵiri apite kwa anyamata amene amakonda kudumphira ngolo ya ng'ombe ikutsika mtsetse ndi katundu wa fodya kapena chimanga, monga zimaonekera m'misewu ya m'mapiri muno. Chimene mumaona pansalu kwa kamphindi chinakonzedwa kwa masiku, ndi anthu odziŵa, pamalo osalazidwa. Ngakhale akatswiri amene zimawakanika. Terry Leonard, mmodzi wa odziŵa ntchitoyi koposa m'mbadwo wotsatira, anayesa kubwereza kugwa kwa mu Stagecoach pojambula The Legend of the Lone Ranger, wotuluka mu 1981. Kavalo anam'ponda, gudumu linadutsa pamiyendo yake, navulala kwambiri. Leonard yemweyo ndiye akudutsa pansi pa lole yothamanga mu Raiders of the Lost Ark, wa chaka chomwecho, ndipo mbali imeneyo inaikidwa polemekeza Canutt.

M'kuthamangitsana komwe kuja kwa mu Stagecoach muli chinthu chinanso. Woyendetsa ngolo atalasidwa, zingwe zoongolera zigwa, ndipo mwini filimu adumpha kuchoka pangolo kufika pa akavalo akumbuyo, kuchoka apo kufika pa apakati, mpaka pa otsogola, nagwira zingwezo. Wodumphayo ndi Canutt atavala malaya a Wayne. M'mphindi zoŵerengeka munthu mmodzi anakhala wophedwa ndiponso mpulumutsi. Kanema ameneyu ndiye anakweza John Wayne kukhala mmodzi wa otchuka koposa m'dziko lonse. Amene anadumphayo sanalembedwe kuti ndiye anadumpha.

Anthu a ku Dowa ndi Ntchisi, kwao kwa Gule Wamkulu, sadabwa ndi nkhope yobisika. Amadziŵa kuti Makanja akamadutsa pabwalo mutu uli m'mwamba, kapena Gologolo akamaseŵera pansonga ya mtengo, pali zina zosanenedwa, ndipo woleredwa bwino safunsa. Koma zimenezo ndi za mwambo, zili ndi eni ake ndi zifukwa zake. Kubisa kwa ku Hollywood kunali kwa malonda. Kampani inkagulitsa nkhope ya munthu mmodzi, ndipo sinkafuna kuti ogula matikiti adziŵe kuti ngwazi yaoyo imatsika pakavalo zinthu zikafika povuta. Komanso mwini filimu akathyoka mwendo ntchito yonse imaima ndipo ndalama zimaonongeka, pamene wogwera mnzake akathyoka, maŵa amabwera wina.

Mbiri ya Canutt ili ndi banga limene siliyenera kubisidwa. Kuti kavalo wothamanga agwe chamutu monga wowomberedwa, ankagwiritsa ntchito msampha wotchedwa Running W. Waya ankamangidwa kumiyendo yakutsogolo ya kavalo, nadutsa pamphete ya pansi pa mimba, nsonga yake nimangidwa kuchichiri chokhomedwa pansi. Kavalo ankathamangitsidwa osadziŵa kanthu, ndipo waya akatha miyendo inkatsomphoka, nyamayo nigwa chamutu. Wokwerayo ankadziŵa pamene agwere, kavalo sankadziŵa. Canutt sanayambitse msamphawu, ndipo anayesa kuukonza kuti usamavulaze kwambiri, koma anaugwiritsa ntchito, mu Stagecoach momwe. M'makanema ena, monga The Charge of the Light Brigade wa mu 1936, akavalo ambiri anafa nao. Anthu atakwiya ndi imfa ya kavalo amene anagwetsedwa kuphompho pojambula Jesse James, wa mu 1939, bungwe la American Humane Association linapatsidwa mphamvu mu 1940 zoyang'anira nyama pojambula makanema, ndipo msamphawo unaletsedwa ku Hollywood. Kuyambira pamenepo akavalo anayamba kuphunzitsidwa kugwa okha akakokedwa chingwe mwanjira ina yake. Aliyense wosamala ng'ombe zake zapagoli angavomereze kuti lamulolo linachedwa.

Chaka cha 1939 chomwecho kunatuluka Gone with the Wind. Pamene mzinda wa Atlanta ukupsa ndipo ngolo ya kavalo mmodzi ikudutsa pafupi ndi nyumba zogwa ndi moto, woyendetsa amene oonera amamuyesa Clark Gable ndi Canutt. Motowo unali weniweni, pakuti kampani inatentha zimango zakale za makanema ena. Patsogolo m'kanema yemweyo nkhope yake yeniyeni ikuoneka kwa kanthaŵi: ndiye wachifwamba amene akuukira Scarlett pamlatho. Msana wake unali wa ngwazi, nkhope yake ya mbala.

Thupi lili ndi malire. Mu 1940, akugwira ntchito m'malo mwa Gable yemweyo mu Boom Town, kavalo anagwa chagada nam'psinja, chishalo chinam'vulaza m'mimba, ndipo anachitidwa opaleshoni nakhala miyezi asanachire. Mu 1943, pojambula kanema wa Roy Rogers wotchedwa Idaho, anadumpha pangolo nathyoka akakolo onse aŵiri. Anali ndi zaka 47. Pamenepo anasiya kugwa, nayamba kuphunzitsa ndi kutsogolera ogwa.

Kanema wamkulu amajambulidwa ndi magulu aŵiri. Loyamba limakhala ndi anthu otchuka ndi zolankhula zao. Lachiŵiri limapita kuthengo kukajambula nkhondo, akavalo ndi ngozi. Canutt anakhala mtsogoleri wa gulu lachiŵirili m'makanema akuluakulu ambiri: Ivanhoe mu 1952, Spartacus mu 1960, El Cid mu 1961, Where Eagles Dare mu 1968. Ntchitoyi inam'fikitsanso mu Afirika, pojambula Mogambo, wa mu 1953, ndiponso nkhondo za mu Khartoum, wa mu 1966, zimene zinajambulidwa ku Egypt. Ana ake aamuna aŵiri, Tap ndi Joe, anatsata mapazi a bambo wao.

Ambiri mwa omvera anaonapo Ben-Hur, wa mu 1959, nkhani ya m'masiku a Ambuye Yesu, ndipo woiŵala zina zonse saiŵala mpikisano wa magaleta. Mpikisanowo unajambulidwa mu 1958 pabwalo lalikulu lomangidwa dala ku Cinecittà, mumzinda wa Rome, ndipo anautsogolera ndi Andrew Marton pamodzi ndi Canutt. Magaleta anali 9, lililonse lokokedwa ndi akavalo anayi oyenda mondondozana m'mbali. Canutt anatha miyezi akuphunzitsa akavalowo ndi owayendetsa. Anaphunzitsanso Charlton Heston, mwini filimu, ndi Stephen Boyd, mdani wake, mpaka anatha kuyendetsa okha m'mbali zambiri. Heston ankakonda kusimba kuti tsiku lina anadandaula kuti sangathe kupambana akatswiri onsewo, ndipo Canutt anamuuza kuti iye angokhalabe m'galetamo basi, za kupambana zili kale m'manja mwa ena.

Panali malo amodzi amene Heston sakadaloledwa. Galeta la Ben-Hur linayenera kudumpha zidutswa za galeta lina losweka. Woloŵa m'malo mwake anali Joe Canutt, mnyamata wa zaka za m'ma 20, ndipo woyang'anira ali chiimire pambali anali bambo wake. Joe anafika pamalopo ndi liŵiro lopitirira muyeso. Akavalo analumpha bwino, koma galeta litagunda linam'ponya m'mwamba, miyendo kumwamba mutu pansi, nagwera kutsogolo, pakati pa galeta ndi ziboda za akavalo anayi. Munthu amene anadutsa pansi pa akavalo 6 mtima uli m'malo tsopano anaona mwana wake womubala akuloŵa malo omwewo popanda choyezedwa chilichonse. Joe anagwira chitsulo cha kutsogolo kwa galetalo, nadziponya kumbali, napulumuka ndi bala laling'ono pachibwano. Marton ataona zimene kamera inagwira anati n'zosatayika. Anajambula Heston pafupi akukwera kubwerera m'galeta, nalumikiza zidutswa ziŵirizo. Chomwecho pamene oonera amagwira pakamwa poona Ben-Hur akuuluka, akuona ngozi yeniyeni ya mwana wa Canutt.

Pali mphekesera yakale yakuti munthu anafa pojambula mpikisano umenewu ndi kuti imfa yakeyo ikuoneka pansalu. Si zoona. Amene akupondedwa ndi magaleta ndi zidole zokonzedwa mwaluso. Palibe munthu kapena kavalo amene anafa, kusiyana ndi Ben-Hur wakale wa mu 1925 amene anaphetsa akavalo ambiri. Kanemayo analandira mphotho 11 za Oscar, koma pa mndandanda wa mphothozo panalibe ya ogwera anzao.

Mu 1967 bungwe lopereka mphothozi linapatsa Canutt Oscar yaulemu, ndipo anam'patsira ndi Heston. Zifukwa zimene zinatchulidwa zinali ziŵiri: ntchito zake zoopsa, ndi zipangizo zimene anapanga zoteteza ena ogwira ntchitoyi. Koma mphotho yopikisanirana chaka ndi chaka ya gaŵo limeneli inakhala ikukanidwa kwa zaka zambiri. Bungwelo linalengeza mu Epulo 2025 kuti iyamba kuperekedwa mu 2028, kwa makanema otuluka mu 2027.

Canutt anagwirabe ntchito mpaka m'zaka za m'ma 1970, ndipo Breakheart Pass, wa mu 1975, ndi mmodzi wa makanema ake otsiriza. Mu 1979 anatulutsa buku la mbiri ya moyo wake lotchedwa Stunt Man, limene analemba mothandizana ndi Oliver Drake. Anamwalira ndi ukalamba ku North Hollywood pa 24 Meyi 1986, ali ndi zaka 90.